Nyali ya injini ikayaka: mafunso ndi mayankho pa soketi yoyezera galimoto

Ma Sienta, ma Probox, ma Vitz ndi ma Freed amene amathamanga pamsewu wa M1 pakati pa Chimbiya, Linthipe, Dedza ndi Bembeke ambiri anabwera atayenda kale ku Japan. Iliyonse ili ndi kasoketi kobisika pansi pa dashibodi, ndipo eni ake ambiri sanakaonepo n'kamodzi komwe. Nyali yachikasu yokhala ndi chithunzi cha injini ikayaka, ena amangoimata ndi sitika kuti isawasowetse mtendere. Ena amathira mafuta n'kulunjika ku Lilongwe, mtunda wa makilomita oposa 80, kukaika galimoto pa kompyuta. Mafunso otsatirawa ndi amene amamveka kawirikawiri m'magalaja ndi pamasiteji.

Makaniko akati "tiike galimoto pa kompyuta," kwenikweni amachita chiyani?

Kompyutayo ili kale m'galimoto mwanu. Ndi kabokosi kamene kamalamulira kuchuluka kwa mafuta olowa mu injini ndi nthawi yoti mapulagi athetheke. Kuti kachite zimenezi kamadalira masensa: ina imayeza mpweya wolowa, ina kutentha kwa madzi, ina kuzungulira kwa injini, ina utsi wotuluka mu ekizosi. Sensa ikatumiza nambala yosayenera, kapena ikangokhala chete, kabokosiko kamalemba khodi m'chikumbumtima chake ndi kuyatsa nyali ija.

Choncho makaniko sabweretsa nzeru zachilendo ayi. Amangolumikiza makina ake ku soketi ija, yotchedwa OBD, n'kuifunsa galimotoyo zimene inalemba kale.

Soketi imeneyi sinabwere chifukwa chomvera chisoni eni magalimoto. Inabwera chifukwa cha malamulo a utsi. Dziko la America linalamula kuti magalimoto ang'onoang'ono onse ogulitsidwa kumeneko kuyambira 1996 akhale ndi soketi yofanana ndi makhodi ofanana. Ku Ulaya lamulo lotere linagwira magalimoto a petulo mu 2001 ndipo a dizilo mu 2004. Ife tinangopezerapo mwayi: makina amodzi akhoza kuwerenga Toyota, Nissan, Mazda ndi Volkswagen.

Nanga soketiyo ili pati?

Tsegulani chitseko cha dalaivala, mugwade pansi kunja kwa galimoto, muyatse tochi ya foni, muyang'ane m'mwamba pansi pa chiwongolero, pamwamba pa zopondera. M'magalimoto athu a chiwongolero cha kumanja, soketiyo nthawi zambiri imakhala chakumanja, pafupi ndi kachitsulo kotsegulira boneti kapena pafupi ndi bokosi la mafyuzi. Kawirikawiri sipitirira mkono umodzi kuchokera pa chiwongolero.

Ndi yakuda kapena yoyera, kukula kwake ngati kabokosi ka machesi. Ili ndi timabowo 16, tisanu ndi titatu pamzere wapamwamba, tisanu ndi titatu pamzere wapansi, ndipo mbali imodzi ndi yotambalala kuposa inzake, moti simungalowetse makina chozondoka. Musadabwe mukaona kuti timabowo tina mulibe chitsulo. Opanga amangoika mapini amene galimotoyo imagwiritsa ntchito.

Magalimoto ena amaibisa kuseri kwa kachitseko kapulasitiki kolembedwa OBD. Ena a ku Ulaya, makamaka akale, anaiika pansi pa mbale ya phulusa la fodya kapena pafupi ndi handibuleki. Ngati galimoto inaikidwapo alamu kapena kachipangizo kolondolera komwe ili, nthawi zina amene anaika anaichotsa soketiyo pamalo pake n'kuikankhira m'kati mwa mawaya. Ipapaseni ndi dzanja, modekha, osakoka chilichonse.

Ndafufuza ponseponse koma yanga ilibe. Zatheka bwanji?

Mwina ndi yakale. Ma Toyota ambiri a m'zaka za m'ma 1990 ali ndi kabokosi kakang'ono pansi pa boneti kolembedwa DIAGNOSIS. Amakaniko achikulire amakadziwa bwino: amalumikiza timabowo ta TE1 ndi E1 ndi kawaya, n'kutembenuza kiyi, kenaka n'kumawerenga kuphethira kwa nyali ya injini. Ikaphethira kawiri, n'kupuma, n'kuphethiranso kawiri, khodiyo ndi 22, ndipo ikuloza ku sensa ya kutentha kwa madzi. Ikamaphethira mofanana mosalekeza ndiye kuti palibe cholakwika chimene yasunga. Ma Mercedes ndi ma BMW akale ali ndi soketi yozungulira pansi pa boneti, yofuna cholumikizira chakechake.

Palinso magalimoto a dizilo a pampu yopanda magetsi, monga Hilux ya injini ya 3L kapena Land Cruiser ya 1HZ. Injini zimenezi zilibe kompyuta yoti muifunse. Dokotala wake ndi khutu la makaniko ndi mtundu wa utsi.

Chenjezo limodzi: ma Toyota ena a soketi ya timabowo 16 amalolanso njira ya kawayayi, koma bowo la nambala 16 limakhala ndi moto wochokera ku batire nthawi zonse, ngakhale kiyi ali m'thumba mwanu. Kawaya kakangophonya bowo, mukhoza kuotcha fyuzi kapenanso kompyuta yeniyeniyo. Ngati simunaphunzitsidwe, musayese.

Ndikafuna kumadziyezera ndekha, ndigule makina otani?

Otsika mtengo kwambiri ndi kachipangizo kotchedwa ELM327, kamene mumakalowetsa mu soketi ndipo kamalankhula ndi foni yanu kudzera pa Bluetooth. Pafonipo mumaika pulogalamu monga Torque kapena Car Scanner. Kamawerenga makhodi a injini ndi kuonetsa manambala a masensa injini ikulira. Kwa mwini galimoto imodzi kapena ziwiri, n'kokwanira. Dziwani kuti tambiri tamtunduwu timene tili pamsika ndi tokopera, ndipo tina timakana magalimoto ena popanda chifukwa chomveka.

Kenaka pali makina ogwira m'manja okhala ndi waya ndi sikirini yawoyawo, osafuna foni. Pamwamba pa onse pali makina a m'galaja, monga a Launch ndi Autel, kapena mapulogalamu a opanga galimoto enieniwo, monga Techstream ya Toyota ndi Consult ya Nissan. Amenewa ndiwo amalowa mu giyabokosi, mabuleki a ABS, ma airbag ndi batire lalikulu la magalimoto a hybrid monga Aqua ndi Prius. Kachipangizo ka pafoni kakanena kuti "palibe vuto" pamene nyali ya ABS ili chiyakire, sikuti kakunama. Kumeneko sikafikako.

Ndalumikiza koma foni ikungoti yalephera kulumikizana. Cholakwika n'chiyani?

Yambani ndi zosavuta. Kiyi akhale pa ON, pamene nyali zonse za pa dashibodi zimayaka. M'galimoto yolizira pabatani, dinani batanilo kawiri osaponda buleki. Onani ngati kachipangizoko kayaka. Kakapanda kuyaka, kawirikawiri ndi fyuzi: ma Toyota ambiri ali ndi fyuzi yolembedwa OBD, ndipo magalimoto ena soketiyi imagawana fyuzi ndi poyatsira fodya, pamene timatchajira mafoni. Tchaja yabodza ikaotcha fyuzi imeneyo, soketi nayo imafa.

Chifukwa china n'chimene chimakwiyitsa ambiri kuno kwathu. Magalimoto opangidwira msika wa m'dziko la Japan sanali omangidwa ndi malamulo a ku America kapena ku Ulaya. Ambiri a iwo, makamaka opangidwa chaka cha 2008 chisanafike, ali ndi soketi yooneka chimodzimodzi koma amalankhula chinenero cha kampani yawo. Vitz kapena Corolla ya zaka zimenezo ikhoza kukana kachipangizo kotsika mtengo n'kuvomera makina a m'galaja nthawi yomweyo. Mapulogalamu ena a pafoni ali ndi posankha mtundu wa galimoto ndi mawu akuti JOBD kapena JDM. Yesani pamenepo musanataye kachipangizoko.

Kwa a malole onyamula mbatata ya kachewere ndi kabichi: ma Fuso, ma Isuzu ndi ma Hino ambiri amayendera mavolti 24. Kachipangizo kopangidwira mavolti 12 kakhoza kupsa mukangokalowetsa. Werengani zolembedwa pa katoni kaye.

Zikalumikizana, ndichite chiyani choyamba?

Imikani galimoto pamalo abwino, kokani handibuleki, zimitsani injini, lowetsani makina, kenaka tembenuzani kiyi. Sankhani kuwerenga makhodi. Zimene zatuluka zilembeni papepala kapena jambulani sikiriniyo ndi foni, musanadine batani lina lililonse.

Mupeza makhodi otsimikizika ndi ena ongoyembekezera, amene kompyuta yawaona kamodzi ndipo ikudikira kuti vutolo libwerenso isanayatse nyali. Palinso tsamba lotchedwa freeze frame, limene anthu ambiri amalidumpha pamene ndi lamtengo wapatali. Limaonetsa mmene zinthu zinalili pa mphindi imene khodi inalembedwa: liwiro la galimoto, kuzungulira kwa injini, kutentha kwa madzi. Vuto limene linabwera injini ili yozizira m'mawa, galimoto itaima, n'losiyana ndi limene linabwera mukukwera chitunda mutadzaza matumba.

Ngakhale mutapita kwa makaniko, pemphani kuti akuonetseni khodiyo muilembe nokha. Mwalipira, ndi yanu. Makaniko wodziwa ntchito yake sakana zimenezi.

Zilembo ndi manambala ngati P0171 zimatanthauza chiyani?

Khodi imakhala ndi chilembo chimodzi ndi zizindikiro zinayi. P ndi injini ndi giyabokosi. B ndi za m'thupi la galimoto monga ma airbag. C ndi za mabuleki ndi chiwongolero. U ndi kulephera kulankhulana kwa makompyuta a m'galimotomo. Nambala yotsatira ikakhala 0, khodiyo ili ndi tanthauzo limodzi pa galimoto ya mtundu uliwonse. Ikakhala 1, ndi ya kampani imene inapanga galimotoyo, ndiye pofufuza tanthauzo lake pa intaneti muzilemba ndi dzina la galimoto.

Makhodi amene amabwera kawirikawiri ndi awa. P0300 imanena kuti masilinda akuphonya kuyatsa mafuta. P0301 mpaka P0304 imatchula silinda yake, yoyamba mpaka yachinayi. P0171 ndi mpweya wambiri, mafuta ochepa, pomwe P0172 ndi mafuta ochuluka. P0101 ikukhudza sensa yoyeza mpweya wolowa, P0335 sensa ya kirankishafuti, P0420 chosefera utsi cha mu ekizosi, catalytic converter. Eni ma hybrid amaopa P0A80, imene imanena za kufooka kwa batire lalikulu.

Makina atchula sensa. Ndikangogula sensa yatsopano, sizitha?

Apa ndi pamene ndalama zambiri zimathera. Khodi imakuuzani mbali imene kompyuta yaona chachilendo. Sikuuzani chitsulo choti mukagule.

Tengani P0171. Sensa ya mu ekizosi yanena kuti mafuta akuchepa poyerekeza ndi mpweya. Nthawi zambiri sensayo ikunena zoona, ndipo kuichotsa kuli ngati kuphwanya choyezera kutentha chifukwa chaonetsa kuti mwana watentha thupi. Chochititsa chikhoza kukhala paipi yamphira yong'ambika imene ikulowetsa mpweya wosayezedwa. Chikhoza kukhala fumbi pa sensa ya mpweya, ndipo amene amayenda misewu yafumbi yakumidzi m'miyezi ya Seputembala ndi Okutobala ndi sefa ya mpweya yong'ambika amalidziwa vuto limeneli. Chikhoza kukhala pampu ya mafuta yotopa, kapena sefa ya mafuta yotsekeka ndi zinyalala za petulo wa m'zigubu amene timagula mafuta akasowa. Zinayi zonsezi zimabala khodi imodzimodzi, ndipo mitengo yokonzera ndi yotalikirana kwambiri.

Makaniko wabwino akaona khodiyi amatsegula manambala otchedwa fuel trim, amene amaonetsa kuchuluka kwa mafuta amene kompyuta ikuwonjezera kapena kuchotsa. Pa injini yabwino nambalayo imasewera pafupi ndi ziro, osapitirira 10 peresenti mbali iliyonse. Ikakhala yokwera injini ikulira pang'onopang'ono galimoto itaima, n'kutsika mukaponda mafuta, kayikirani paipi yobooka. Ikamakwera pamene mukuponda kwambiri, kayikirani pampu, sefa kapena sensa ya mpweya. Kuona maso a nkhono n'kudekha.

Chimodzimodzi P0302. Silinda yachiwiri ikuphonya, inde, koma ndi pulagi, koyilo, injekita, kapena valavu yopsa? Njira yake ndi yaulere: sinthanitsani koyilo ya silinda yachiwiri ndi ya yachitatu, fufutani khodi, yendetsani galimoto. Khodi ikasanduka P0303, vuto latsatira koyilo, ndiye mukagule koyilo imodzi, osati zinayi. Ikakhalabe P0302, koyilo ilibe mlandu.

Ndipo musaiwale makoswe. Galimoto yogona pafupi ndi nkhokwe kapena matumba a chimanga imalandira alendo pansi pa boneti, ndipo waya mmodzi wodyedwa amatulutsa khodi ya sensa imene ili bwinobwino.

Kodi kuzizira ndi kukwera kwa malo kuno ku Dedza kumakhudza zimene makina amawerenga?

Kwambiri. Tawuni ya Dedza ili pamtunda wa mamita pafupifupi 1,600 kuchokera pa nyanja yamchere, ndipo mpweya wake ndi wopepuka. Mukatembenuza kiyi injini isanalire, sensa ya MAP imaonetsa kulemera kwa mpweya wa pamalopo. Mabuku ambiri ndi makanema a pa YouTube amati muyembekezere 100 kPa, chifukwa analembedwa ndi anthu okhala kufupi ndi nyanja yamchere. Pa Dedza muona pafupifupi 84. Mukatsikira ku Mtakataka kapena ku Salima nambalayo ikwera kupitirira 90. Sensayo ndi yabwino, musalole kuti wina akugulitseni ina. Mpweya wopepukawu ndi umenenso umachititsa kuti galimoto yopanda turbo izimveka yofooka pang'ono kuno kusiyana ndi kunyanja, ndipo pa zimenezi palibe khodi.

Nkhani yaikulu ndi ya themositati. Kwathu kuno kuli chizolowezi choichotsa galimoto ikangofika, ati inapangidwira mayiko ozizira. Ine ndimati chizolowezi chimenechi n'cholakwika kulikonse, koma ku Dedza ndiye chimaluma m'thumba. Injini inapangidwa kuti izigwira ntchito madzi ake ali pa madigiri 80 mpaka 95. Popanda themositati, m'mawa wa mu Juni kapena Julayi, chifunga chitakuta phiri, madziwo akhoza kukakamira pansi pa madigiri 70 ulendo wonse, makamaka potsetsereka. Kompyuta imaganiza kuti injini ikadali yozizira n'kumathirabe mafuta ambiri. Zotsatira zake ndi petulo wosachedwa kutha, mapulagi akuda ndi hita yosatentha. Khodi yake ndi P0128 kapena P0125. Ena akaiona amasintha sensa ya kutentha, pamene chosowa ndi themositati imene inatayidwa kalekale. Tsegulani nambala ya kutentha kwa madzi pafoni, wina akuyendetsereni kuchoka pa boma kukafika pa Linthipe, muone pamene ikuima.

Kuzizira kumavumbulanso batire lotopa. Moto ukatsika kwambiri poliza injini, makompyuta amasokonezeka n'kulemba makhodi ambirimbiri osagwirizana, makamaka oyamba ndi U, kapena P0562. Mukaona mulu wotere, yambani mwayeza batire: lizionetsa mavolti 12.4 mpaka 12.6 injini itazima, ndi pakati pa 13.5 ndi 14.5 ikulira m'magalimoto ambiri. A dizilo amene galimoto zawo zimavuta kulira m'mawa ayang'ane P0380, ya mapulagi otenthetsa.

Bwanji ndingofufuta khodiyo nyali izime?

Batani lofufutira lilipo, ndipo nyali izimadi. Vuto likhalapobe, ndipo nyaliyo ibweranso kompyuta ikamaliza kuyesa mbali imeneyo, mwina lero lomwe, mwina pakatha masiku. Choipa n'chakuti mwafufutanso freeze frame ija, umboni umene ukanathandiza makaniko. Kuchotsa waya wa batire kumachitanso zomwezo m'magalimoto ambiri.

Nthawi yofufuta ndi pamene mwalemba zonse ndipo mwakonza, kuti muone ngati khodiyo ibwerera. Munthu amene wakulipiritsani n'kungofufuta, osatsegula boneti n'komwe, wakugulitsani mdima wa pa dashibodi basi.

Nyali yayaka ndili paulendo. Ndipitirire?

Ikayaka mokhazikika, galimoto ikuyenda bwino, sikutentha ndipo palibe phokoso lachilendo, mukhoza kufika kumene mukupita n'kukayezetsa msanga. Ikamaphethira, injini ikunjenjemera, masilinda akuphonya kwambiri ndipo petulo wosapsa akulowa mu ekizosi, kumene akhoza kuwononga chosefera utsi chija. Chepetsani liwiro, pezani poima.

Nyali zofiira ndi nkhani ina. Ya oyilo kapena ya kutentha ikayaka, zimitsani injini pomwepo, musadikire makina. Ndipo ngati yayaka ndi ya mabuleki, musayambe kutsika Khwekhwelele kulowera ku Golomoti poganiza kuti mukaonetsa kutsogolo.

Ndikufuna kugula galimoto kwa munthu. Soketi imeneyi ingandithandize?

Ingakuthandizeni zedi. Choyamba sichifuna n'komwe makina: tembenuzani kiyi pa ON osaliza injini. Nyali ya injini, ya ABS ndi ya airbag ziyenera kuyaka zonse, kenaka n'kuzima pakapita kanthawi kapena injini ikalira. Imene siyaka n'komwe, mwina wina anachotsa babu kapena anaiphimba m'kati.

Kenaka lumikizani makina muyang'ane tsamba la readiness. Kompyuta imadziyesa mbali zosiyanasiyana galimoto ikamayenda, ndipo makhodi akangofufutidwa mayeso amenewa amabwerera poyambira. Mukapeza kuti palibe khodi koma mayeso ambiri akuonetsa kuti sanamalizidwe, wina wafufuta posachedwa, kapena batire linachotsedwa. Magalimoto ambiri amaonetsanso makilomita amene ayenda chifufutireni makhodi. Nambalayo ikakhala yaing'ono kwambiri, funsani mwini wake chifukwa chake, ndipo yendani nayo ulendo wotalikirapo, wokhala ndi chitunda, musanawerenge ndalama. Mukabwerako yezaninso.

Ndingakasiye kachipangizoka mu soketi masiku onse?

Ndi bwino kukachotsa mukamaliza. Popeza bowo la 16 lili ndi moto nthawi zonse, kamadya batire pang'onopang'ono ngakhale galimoto itazima, ndipo galimoto yoima sabata yathunthu m'nyengo yozizira ikhoza kukana kulira. Tina totsika mtengo timasokonezanso kulankhulana kwa makompyuta mpaka nyali zina kuyamba kuyaka zokha. Kuwonjezera apo, soketi yomweyi ndi imene amisiri amagwiritsa ntchito polembetsa makiyi atsopano, choncho musalole munthu wosamudziwa kulumikizapo makina ake inu mulibe.

Pali mavuto amene makinawa sangaone?

Ambiri. Kompyuta imadziwa zokhazo zimene zili ndi sensa. Mabushi otha, mashoko ofooka, bering'i yolira, kalachi yoterereka, lamba wa taiming'i wokalamba, oyilo wodontha, matayala osalala, zonsezi zikhoza kukhalapo makina n'kunena kuti palibe khodi. Ngakhale gasiketi ya hedi ikayamba kupsa, nthawi zambiri mumayamba kuona madzi akuchepa mu rediyeta khodi isanabwere. Galimoto imene imagunda pansi pa mabampu a pa Chimbiya imafuna jeki, tochi ndi munthu wolowa pansi pake kukagwedeza mawilo ndi manja.